Pasiwedi ndi Dzina Lanu, Amayi

Kanyama,
Lusaka,
18 Juni 2024.

Okondedwa Amayi,

Ndikhulupirira kuti kalatayi ikupezani muli bwino, ndiponso kuti bondo lija lasiya kukuvutitsani m'nyengo yozizirayi. Ine kuno ndilipo, kudzuka ndikudzuka, kumsika ndikupita. Mudabwa kulandira kalata yapamanja chikhalirecho timalankhulana pa foni Lamulungu lililonse. Zimene ndikufuna kukuuzanizi zakhala zikundikanika pakamwa kwa miyezi isanu. Ndikangomva mawu anu akuti "wadzuka bwanji mwanawe," ndimayamba kukamba za tomato ndi za kuzima kwa magetsi mpaka mayunitsi kutha. Ndapatsira a Hosea, dalaivala wa basi ya ku Chipata uja, kuti akasiye kwa alamu awo pa Kamwendo. Ndalemba zilembo zikuluzikulu kuti muwerenge nokha. Chonde musapatse munthu wina kuti akuwerengereni, ngakhale anzanu a kumpingo.

Milungu iwiri yapitayo munandiuza kuti mwamaliza kukolola, ndipo mwezi wamawa mubwera kudzaona manda a Dyton. Munati simukufuna china chilichonse ku Lusaka kuno, mukufuna kungogwada pamene anagona mwana wanu, mugwire dothi lake, mubwerere kwanu. Ine ndinati, "Bwerani Amayi, ndikakuperekezani." Ndinayankha ngati munthu wodziwa njira. Tsiku limenelo sindinkadziwa pamene pali manda a mlongo wanga, ndipo chinthu chokhacho chimene chikanandisonyeza chinali chitatsekeredwa mufoni imene ndinaitseka ndekha ndi manja angawa. Lekani ndiyambe poyambira kuti mumve bwino.

Foni yanga yaikulu ija anandikonzera ndi Dyton chaka chathachi. Ine zimenezi sindizitha, ndimangodziwa kuimba, kujambula ndi kumvera mauthenga. Iye ananditsegulira chimene amati akaunti, komwe foni imatumizako zithunzi ndi mauthenga kuti zisungike ngakhale foniyo itagwera m'madzi. Dzina la akauntiyo analemba pa katoni ya foni. Mawu achinsinsi otsegulira, amene kuno amati pasiwedi, sanalembe paliponse. Nditamufunsa anangoseka, mukukudziwa kuseka kwake kotseka diso limodzi kuja.

"Ba sisi, iyi simungaibale," anatero. "Ni zina ya amai chabe."

Ndinati chabwino, n'kuika katoniyo pansi pa bedi. Ndani amaganiza kuti mlongo wake wamng'ono wa zaka makumi atatu ndi ziwiri adzachoka asanamufunsenso kachiwiri?

Chimene simukudziwa n'chakuti ine ndi Dyton tinayambana Khirisimasi isanafike. Anabwera pa tebulo langa kumsika, n'kunditengera pambali, n'kundiuza kuti waona amuna anga a Fackson ku Matero ali ndi mkazi wina, atanyamula mwana wofanana nawo mphumi. Ine m'malo mothokoza ndinamulalatira pamaso pa anthu. Ndinamunena kuti ndi kazitape, wansanje, wofuna kundipasulira banja. Ndinati asadzandiimbirenso foni mpaka kufa. Mawu amenewo ndinawanenadi, Amayi, ndipo amayi ogulitsa tinsomba ta kapenta pafupi nane anawamva. Zimene ananenazo zinali zoona, moti a Fackson anasamukira ku Matero komweko mu Marichi, koma imeneyo ndi nkhani ya tsiku lina.

Mu Januwale mvula inagwa yoopsa, Kanyama yense n'kusanduka dziwe. Zimbudzi zinasefukira, madzi n'kumalowa m'nyumba, kolera n'kuyamba kutola anthu khomo ndi khomo. Ku George, kumene Dyton ankakhala ndi mkazi wake Mwiche, zinthu zinalinso chimodzimodzi. Mwiche ndiye anayamba kudwala, anamugoneka m'chipatala Lolemba. Lachiwiri m'mawa, ndili pa tebulo langa, foni inalira, ndipo ndinaona dzina la Dyton. Ndinaitembenuza chafufumimba pa thumba la anyezi. Inaliranso, n'kuliranso, mpaka kasanu ndi kawiri. Ine mumtima ndinkati, akufuna kupepesa ameneyo, ayambe wavutika kaye. Kenako panalowa uthenga wa mawu, uja munthu amalankhula n'kutumiza. Sindinautsegule. Ndinapitiriza kupanga milu ya tomato.

Lachitatu masana anandiimbira ndi mwini nyumba wawo kuti Dyton wapita.

Pa foni ndinakuuzani kuti ndinali naye mpaka mapeto, kuti ndinamugwira dzanja, kuti anapita mwamtendere akutchula inu. Linali bodza lonse. Sindinamuone ali moyo, ndipo sindinamuone atamwalira, chifukwa maliro a kolera satsegula. Anamuika Lachinayi anthu azaumoyo ovala zoyera mpaka kumaso. Panalibe nyimbo, panalibe mlaliki, panalibe nkhata. Mwiche anali akadali pa dripi, osadziwa n'komwe kuti ndi wamasiye. Wachibale ndinali ine ndekha, nditaimitsidwa patali ngati wodutsa m'njira. Tsiku limenelo anaika anthu ambiri motsatizana, galimoto ina ikuchoka ina ikufika. Atamaliza kukwirira anazika kachitsulo kolembedwa dzina lake ndi nambala. Ndinapempha kuti ndiyandikire pang'ono, ndinatulutsa foni, ndinajambula chithunzi chimodzi, n'kuthawa.

Uthenga wake uja unakhala mufoni osatsegulidwa miyezi itatu. Ndikafuna kuimbira woodetsa tomato, unali pamenepo. Ndikafuna kuona nthawi, unali pamenepo, kachizindikiro kobiriwira pambali pa nkhope yake. Kuumvera ndinkaopa. Kuufafaniza wokhawo ndinkaopanso, poti pamafunika kuukhudza ndi chala, ndiye ndinkati mwina ungayambe kulankhula. Pasaka itadutsa ndinatopa. Ndinakumbukira kuti ndinamuonapo Dyton akufafaniza foni ya mnzake yonse kuti ibwerere mmene inalili pochokera kusitolo. Tsiku lina masana, makasitomala atachepa, ndinafufuza mpaka ndinapeza pamene amadina. Foni inandifunsa kawiri ngati ndatsimikiza. Kawiri konseko ndinavomera. Za chithunzi cha kumanda sindinaganize n'komwe, mutu wanga unali pa uthenga uja basi.

Inazima, inayaka, inandilonjera ngati mlendo. Ndinasankha chilankhulo, ndinadina apa ndi apo, kenako inaima. Mayi wina wogulitsa mafuta ophikira, amene amadziwa Chingerezi kuposa ine, anandiwerengera. Akuti foniyi yafafanizidwa, ndipo kuti ipitirire, alowe mwini wake wakale ndi akaunti yake ndi pasiwedi yake. Akuti anaikonza choncho dala, kuti wakuba akaba foni n'kuifafaniza isamugwirire ntchito. Ndinaseka pang'ono poona kuti foni yandizindikira kuti wakubayo ndine. Ndinaiponya m'chikwama, ndinabwereka kafoni kamabatani, ndipo ndi kameneko kamene ndakhala ndikukuimbirani.

Mu Meyi Mwiche anayamba kunditumizira mawu kuti wapeza mphamvu, akufuna ndikamuonetse pamene pagona mwamuna wake. Ndinati ndiyambe ndapita ndekha ndikaone njira. Amayi, zimene ndinapeza kumeneko musadzazione. Chigawo chija mu Januwale chinali mizere itatu, koma tsopano ndi munda wathunthu wa milu yofiira, yonse yofanana, ina yotitimira ndi mvula. Tizitsulo tija kulibe. Akuba ogulitsa zitsulo zakale anazula tonse, n'kungosiya tiwiri titatu topindika. Udzu anautentha, ndiye ponseponse ndi phulusa. Ndinayenda mzere ndi mzere kuyambira m'mawa mpaka dzuwa kupendeka, mapazi akuda bii, osazindikira kanthu. Bambo wosunga buku la kumandako anayesetsa, anapeza dzina la Dyton ndi nambala yake, koma anati nambala ili m'buku, pansi palibenso nambala. Anandifunsa ngati panali mtengo, mwala kapena china chilichonse chimene ndikukumbukira. Apo m'pamene chithunzi chija chinandibwerera m'mutu, ndipo ndinakhala pansi pakhomo pa ofesi yawo.

M'mawa mwake ndinatenga foni ndi katoni yake kupita kwa a Kafula, mayi wina wokonza mafoni m'kakontena pafupi ndi siteshoni ya minibasi. Ndi mayi wamfupi, wosaseka, amene amagwira ntchito magalasi ali pamphuno. Ndinamusankha chifukwa anyamata a mutauni amayamba kukulonjeza asanamve n'komwe vuto lako. Anandimvetsera mpaka kumapeto, anayatsa foni, anaiyang'ana, n'kuibweza pa tebulo.

"Mami, nizakuuzani chilungamo," anatero. "Kuitsegula ningaitsegule, pali njira yodumphira. Koma izatseguka ilibe kanthu, monga yatsopano. Vithunzi vanu sivili mu foni, vili ku akaunti. Kopanda pasiwedi, simuzaviona."

Ndinafunsa ngati palibe njira ina yopezera pasiwediyo. Anayesa ija amati waiwala, foni n'kunena kuti itumiza manambala achinsinsi ku nambala yothera ndi 41. Imeneyo inali nambala ya Dyton. Foni yake inasowa tsiku lomwe anadwala, palibe akudziwa ngati inagwa m'madzi kapena inapita ndi zovala zimene anatentha.

"Ndiye kuti chasala ni mutu wanu," anatero a Kafula. "Anakuuzani ati chani?"

"Anati ndi dzina la amayi."

"Lembani."

Mundikhululukire, Amayi, dzina lanu ndalilemba mwezi uno kuposa mmene ndalitchulira moyo wanga wonse. Munatilera kuti mwana satchula dzina la make, ndiye chala changa chinkachita kuuma. Ndinalemba Philomena, inakana. Ndinalemba Filomena, inakana. Ndinayesa Firomena, mmene ankatchulira agogo, ndinayesa ndi chilembo chachikulu ndi chaching'ono, ndinaonjezera chaka chimene munabadwa, chaka chimene anabadwa iye, nambala ya nyumba yathu yakale ya ku Chawama. Nthawi iliyonse inkandiyankha ndi mawu ofiira omwewo. Kenako inayamba kundilanga, kundiuza kuti ndayesa kambiri, ndidikire. A Kafula anati ndisamaiputeputa, ndizibwera ndi mayankho awiri kapena atatu patsiku amene ndawaganizira bwino.

Ndinakhala ndikupita kumeneko milungu itatu. Tsiku lina ndili m'minibasi ndinadzimenya pachipumi. Dyton sakanalemba dzina lanu la ubatizo, limene ngakhale malemu bambo sankaligwiritsa ntchito. M'nyumba mwathu munali a Nachisale. "A Nachisale, madzi osamba," "A Nachisale, alendo afika." Dyton ali wamng'ono ankawatsanzira bambo, inu n'kumamuthamangitsa ndi chipande. Ndinatsika minibasi isanafike, ndinathamanga, ndinafika kwa a Kafula ndili wefuwefu, ndinalemba Nachisale ndili ndi chikhulupiriro chonse. Inakana. Ndinalemba ndi zilembo zazing'ono, inakana. Ndinaika a kutsogolo, inakananso. Tsiku limenelo ndinatukwana munthu wakufa, Amayi, ndinati ngakhale m'manda akundizunzabe. A Kafula anangondisunthira mpando.

Ndi sabata yomweyo imene munandiuza kuti mukubwera. Apa ndiye pali china chimene ndikuchita nacho manyazi koposa. Ndinabwerera kumanda kuja, ndinayendayenda, n'kusankha mulu wina wooneka bwino, wosatitimira, wapafupi ndi njira kuti bondo lanu lisavutike. Ndinaikapo mwala woti ndidzazindikire. Maganizo anga anali oti ndikalembetse kachitsulo katsopano, ndikazike pamenepo, ndikubweretseni inu ndi Mwiche, mulire, mugwire dothi, nkhani ithe. Ndani akanadziwa? Ndinagona nawo maganizo amenewo masiku anayi. Chimene chinandiletsa si ubwino wanga. Ndinaopa kuti tsiku lina eni ake a mulu umenewo adzatipeza titagwada pa mwana wawo.

Ndiye ndinapita ku George kukaonana ndi Mwiche. Chichokereni iye kuchipatala ndinali ndisanapondeko, ndinkangotumiza ndiwo kudzera mwa anthu. Ndinamupeza akuchapa pakhomo. Waonda, Amayi, mikono yatsala ngati ya mwana wasukulu, koma maso ake ndi omwe aja osaphethira. Anandilowetsa m'nyumba, anandipatsa mpando, iye n'kukhala pa mphasa.

"Ba mulamu, muzanipeleka liti?" anafunsa, moni asanathe n'komwe.

Ndinamuuza kuti tizitsulo anaba, kuti malo ndawataya, kuti chithunzi chili mufoni yotsekeka. Za mafoni asanu ndi awiri aja sindinanene. Ndinangoti foni inavuta n'kufafanizika. Anandiyang'ana nthawi yaitali.

"So miyezi yonse iyi munali kuninamiza ati muli bize?"

"Ndinkaopa."

"Ine naenda mu chipatala nili na mwamuna, nachoka nilibe. Sininaone bokosi, sininaone manda. Nthawi zina nimaganiza ati anathaba chabe, azabwela. Imwe mweka ndimwe munaona, na imwe mwataya."

Ndinamufunsa ngati Dyton anasiya kabuku kapena pepala lolembapo mapasiwedi. Anati munthu uja zonse ankasunga m'mutu. Maso anga, posowa kolowera, anakagwa pa chikwama cha sukulu cha mdzukulu wanu Chifundo, chimene chinali chokolekedwa pa msomali kuseri kwa chitseko. Pa chikwamapo panali dzina lake lolembedwa ndi cholembera chakuda, zilembo zikuluzikulu zopendekera kumanzere, dzanja la Dyton lenileni. Panalembedwa kuti CIFUNDO.

Mukundidziwa ine ndi pakamwa panga. Ngakhale pa nthawi ngati imeneyo ndinapezeka ndanena kuti, "Bambo ake analakwitsa, anasiya h."

"Sanalakwise," anatero Mwiche mouma. "Ndiye mwamene timalembela kuno. Ku sukulu batipunzisa c yeka. Iyo h ni yanu ya ku Malawi."

Amayi, mukukumbukira kuti ndili ndi zaka zisanu ndi zinayi munanditumiza kwa azakhali ku Mchinji, ndipo sukulu yanga yonse ndinaphunzira kumeneko, pamene Dyton anatsala nanu kuno n'kuphunzira ku Chawama. Ana a mimba imodzi, chilankhulo chimodzi, koma aphunzitsi awiri. Ine anandiphunzitsa kulemba chimanga, chitseko, chifundo. Iye anamuphunzitsa cimanga, citseko, cifundo. Zaka zonsezi sitinalemberanepo kalata, tinkangolankhula, ndipo pakamwa h samveka. Ndinaimirira osatsanzika bwino, Mwiche n'kumandiyang'ana ngati ndapenga.

Ndinapeza a Kafula akudya chinangwa chootcha. Ndinawalanda foni m'manja, ndinalemba nacisale, zilembo zisanu ndi zitatu, zonse zazing'ono. Kanthu kena pa foni kanazungulira, kanazungulira. Mawu ofiira sanabwere. Foni inalemba dzina langa n'kundilandira.

Sindinasangalale, ndisakunamizeni. A Kafula anapukuta m'manja, anatenga foni, anayamba kubwezeretsa zinthu chimodzichimodzi. Manambala a anthu anabwerera, zithunzi zinayamba kutuluka, za pa ubatizo wa Chifundo, za tomato wanga, za a Fackson atavala suti. Kenako anaima n'kundiyang'ana pamwamba pa magalasi.

"Yafunsa ngati tibweze na mameseji yakudala. Tibweze olo tisiye?"

Ndikanatha kunena kuti tisiye. Chithunzi ndinali nditachipeza kale, ndipo palibe akanadziwa chimene ndasiya. Anafunsanso. Ndinati abweze. Patapita mphindi zochepa nkhope yake inabwerera pamalo pake, ndi kachizindikiro kobiriwira kaja pambali.

Chithunzi cha kumanda chija ndi choipa, Amayi. Ndinajambula pafupi kwambiri, mopendeka. Mukuoneka mulu, kachitsulo kozikidwa pakati pake, ndi dothi lofiira mbali zonse. Kulibe mtengo, kulibe nyumba, kulibe thambo. Koma kumanzere kwa muluwo kukuoneka chitsa cha mtengo wodulidwa, chokulungidwa ndi waya waminga amene analowerera m'khungwa. Loweruka lapitali ine ndi Mwiche tinalawirira kumanda kukafuna chitsa chimenecho. Tinagawana mizere, iye uku ine uko, tikufukula phulusa ndi timitengo. Dzuwa lili pamutu ndinamva akundiitana. Anachipeza. Moto unachinyeketsa, chatsala chachifupi, chakuda, chozungulira, koma waya uja alipo.

Ndinathamanga, ndinafika, ndinaima. Chitsacho chili pakati pa milu iwiri, wina uku wina uku, yotalika mofanana, yotitimira mofanana. M'chithunzi chitsa chili kumanzere kwa Dyton. Koma kumanzere kwake kumadalira kumene ndinaima pojambula. Ngati ndinaima kumiyendo, Dyton ndi uyu. Ngati ndinaima kumutu, Dyton ndi uyo. Mwiche anandigwira pamkono n'kundiimika mbali imodzi, kenako mbali inayo, akuti ndikumbukire. Ndinatseka maso, ndinayesa, ndinayesanso. Ndikukumbukira fungo la mankhwala, ndikukumbukira nsapato zoyera za anthu aja, ndikukumbukira kuti ndinkafuna kuchokapo msanga. Kumene ndinaima sindikukumbukira.

Tinakaitana bambo wa buku uja. Anabwera nalo bukulo, anawerenga mizere, anavomera kuti malo ndi omwewo. Anati tsiku limenelo, motsatizana ndi Dyton, anaikanso mwamuna wina amene anatoledwa pa siteshoni, wopanda dzina, wopanda wachibale. Koma buku silinena kuti ndani ali mbali iti ya chitsa. Anapepesa n'kubwerera ku ofesi yake.

Tinakhala pansi pakati pa milu iwiriyo. Pamenepo m'pamene ndinamuuza Mwiche zonse, za mkangano, za kutembenuza foni pa thumba la anyezi, za chifukwa chenicheni chimene ndinafafanizira foni. Sanandidule mawu. Nditamaliza anatambasula dzanja, ndinaganiza kuti akufuna kundimenya, ndipo ndikanalola. Ankafuna foni. Anadina yekha pa uthenga uja. Ndi waufupi, Amayi, masekondi khumi ndi limodzi. Kumbuyo kukumveka anthu akubuula ndi mwana akulira. Mawu ake ndi otsika, okhuthala, ngati lilime lamukulira m'kamwa. Ndikulemberani mmene ananenera, osasintha:

"Ba sisi, ni ine. Nili pa kiliniki, pa laini, bantu ni bambili. Nimvela njota maningi. Nibweletseleniko manzi. Sininakalipe, bwelani chabe."

Njota maningi ndi ludzu loopsa, Amayi. Mwana wanu ankapempha madzi akumwa. Kuchokera pa tebulo langa kukafika pamene anali ndi minibasi ziwiri, ndipo pansi pa tebulolo panali chigubu chodzaza cha madzi othira mankhwala.

Mwiche anaumvera kawiri. Sanalire. Anatsegula chikwama chake, anatulutsa botolo la madzi limene tinatenga kuti timwe panjira, anaimirira, anathira theka pa mulu wa kumanja pang'onopang'ono mpaka dothi linada. Kenako anandipatsa botololo.

"Imwe thilani uko," anatero.

Ndinathira pa mulu winawo mpaka botolo linatha. Tinabwerera minibasi imodzi osalankhulana, iye anatsikira kwake, ine kwanga. Mpaka lero sanandiimbire, ndipo ine sindikumuimba mlandu.

Ndi zimenezo, Amayi. Foni ndaitsegula, ikugwira ntchito bwinobwino, koma chimene ndinakulonjezani ndilibe. Munapempha kugwira dothi la mwana wanu, ine ndili ndi milu iwiri, wina wa mwana wanu, wina wa mwana wa mayi wina amene mwina mpaka lero akumudikira kuti abwera. Sindidzakulozerani umodzi n'kunena kuti ndi uwu. Ndakunamizani kokwanira. Ngati mukufuna kumva mawu ake, ndawasunga, ndipo sindidzawafafanizanso. Ngati simukufuna, sindidzakukakamizani. Kukhululuka sindikupempha m'kalata, zimenezo mudzaona nokha mukadzandiyang'ana kumaso.

Mukatsimikiza zobwera, muwauze a Hosea tsiku, adzakusungirani mpando wakutsogolo chifukwa cha bondolo. Mudzatenge juzi yokhuthala, kuno Julaye amazizira kuposa kwanuko, ndipo kumandako kuli mphepo yafumbi. Mudzatengenso nsapato zotseka, chifukwa phulusa lake limalowa m'zala.

Mundiperekere moni kwa azakhali, muwauze kuti kulemba kumene anandiphunzitsa sindinaiwale. Moni kwa amalume ndi onse a pakhomo. Chifundo ali bwino, wakula, wayamba kufunsa kumene kuli bambo ake, ndipo tikuti tidzapite naye inu mukabwera. Mwiche sanandipatse moni woti ndikupatsireni, ndiye sindimulembera wabodza, koma ndikudziwa kuti akukudikirani kuposa ine.

Tikadzafika pa chitsa chija, mudzasankhe ndinu mbali yoyambira kugwada. Ine ndidzagwada mbali inayo, ndipo mukadzamaliza tidzasinthana.

Ndine mwana wanu wotsala,
Dyness